Theka Lomwe Lidatsala M'njira

Buku lomwe Muhammad ibn Musa al-Khwarizmi adalemba mumzinda wa Baghdad cha m'ma 820 ndi limodzi mwa mabuku amene Asilamufe timawatchula kawirikawiri koma osawatsegula. Dzina la mlembiyu limamveka pa misonkhano ya achinyamata, pa miyambo yotsanzikana ndi ophunzira, ngakhalenso m'timauthenga timene timazungulira pa WhatsApp, ndipo nkhani yake imakhala imodzimodzi: Msilamu ndiye adayambitsa aljebra, Msilamu ndiye adapatsa dziko manambala, pakadapanda iye bwenzi kulibe kompyuta. Pambali pa mawuwo pamakhala chithunzi cha bambo wandevu, wovala nduwira, akuyang'ana chakumbali. Chithunzicho si chakale ayi. Chidachokera pa sitampa yomwe boma la Soviet Union lidatulutsa mu 1983, ndipo nkhopeyo adachita kuiganizira wojambula, poti palibe amene adatisungira maonekedwe a mwini wakeyo.

Sindikufuna kumutsitsa pampando munthu wamkuluyu. Chimene ndikudandaula nacho n'chakuti ngakhale ife omunyadira timamuwerenga ndi maso obwereka. Anthu a ku Ulaya pomasulira bukuli m'Chilatini adatenga chiyambi chake n'kusiya gawo lotsiriza, lomwe ndi pafupifupi theka la buku lonse. Chomwe adatengacho ndicho chidatchuka, ndipo n'chomwecho chimene ife timaimbira m'manja lero. Gawo lomwe adasiya limakamba za wasiya, za ngongole za womwalira ndi za kagawidwe ka chuma cha masiye, nkhani imene imadanitsa abale m'midzi mwathu chaka ndi chaka.

Dzina lonse la bukuli ndi al-Kitab al-mukhtasar fi hisab al-jabr wa-l-muqabala, ndiye kuti buku lachidule la kawerengedwe ka jabr ndi muqabala. Jabr ndi mawu amene Aarabu ankanena pokamba za kulunzanitsa fupa lothyoka. M'masamu a mlembiyu, mbali imodzi ya funso ikakhala yoperewera chifukwa chinthu china chachotsedwapo, umaibwezera chochotsedwacho n'kuwonjezera chomwecho mbali inayo. Muqabala ndiko kuyang'anitsana mbali ziwirizo n'kuchotsa zimene zikupezeka konsekonse. Aliyense amene adaonapo sikelo ya mbale ziwiri akudziwa kale mfundo yake: chimene waika uku uikenso uko, chimene wachotsa uku uchotsenso uko, sikeloyo isapendekeke. M'mawu ake oyamba mlembi akutchula Khalifa al-Ma'mun, yemwe adalamulira kuyambira 813 mpaka 833, kuti ndiye adamulimbikitsa, ndipo akufotokoza anthu amene akuwalembera: ogawa chuma cha masiye, oweruza milandu, amalonda, oyeza malo ndi okumba ngalande za madzi. Pa ntchito zonsezo, ya masiye ndi imene adaiika patsogolo.

Wotsegula bukuli akuyembekezera zizindikiro zonga za m'buku la kusekondale amadabwa. Mulibe x, mulibe chizindikiro cha kuphatikiza kapena cha kufanana. Zonse n'zamawu, ngakhale manambala enieniwo adawalemba m'mawu. Ife a Chichewa kulemera kwa katunduyu timakudziwa bwino, ife amene kuti titchule 39 timayenera kunena kuti makumi atatu ndi mphambu zisanu ndi zinayi, mpaka pamsika tidangothawira ku manambala a Chingerezi. Nambala yosadziwika al-Khwarizmi amaitcha shay', kutanthauza chinthu, kapena jidhr, kutanthauza muzu. Nambalayo ikachulukitsidwa ndi iyo yokha amaitcha mal, kutanthauza chuma. Manambala wamba nthawi zambiri amawatcha madirihamu. Mawu amenewa ndi a pamsika ndi a pabwalo la milandu, ndipo amaulula komwe masamuwa adakulira.

Chitsanzo chake chotchuka chimafuna nambala imene ukaichulukitsa ndi iyo yokha, n'kuphatikizapo nambala yomweyo kakhumi, umapeza 39. Njira yake ndi iyi: tenga theka la 10, lomwe ndi 5, lichulukitse ndi ilo lokha, upeza 25, phatikiza ndi 39, upeza 64, muzu wa 64 ndi 8, chotsapo 5 uja, yatsala 3. Akadalekera pomwepa, bwenzi ali mphunzitsi woloweza ana njira basi. Koma iye amajambula chithunzi chosonyeza chifukwa chake njirayo siinama. Tiyerekeze dimba la mbali zinayi zofanana, lomwe kutalika kwa mbali yake sitikukudziwa. Kum'mawa kwake tilumikizeko kachigawo kotalika ngati dimbalo koma kotambalala mapazi 5, kumwera kwake tichitenso chimodzimodzi. Malo atatuwo pamodzi ndiwo 39 uja. Tsono pangodya, pamene tizigawo tiwirito tikadakumana, patsala mpata wa mapazi 5 uku ndi 5 uku, ndiye kuti 25. Tikadzaza mpatawo, dimba lonse likhalanso la mbali zinayi zofanana, kukula kwake 64, mbali iliyonse mapazi 8. Chotsani mapazi 5 tidawonjezera aja, ndipo mbali ya dimba loyamba yaonekera poyera. Masamba amenewa ndi okoma kuwerenga ngakhale lero. Mlembi sathamanga, sadzionetsera, ndipo amamugwira wophunzira padzanja mpaka ataona yekha.

Kodi njirayi adaitulukira ndi iye? Ayi. Mapale adothi ofukulidwa ku Iraq komweko amasonyeza kuti alembi a ku Babylon ankayankha mafunso a mtundu umenewu, potenga theka ndi kudzaza ngodya, zaka pafupifupi 3,800 zapitazo. Ndi anthu omwewo amene kawerengedwe kawo ka 60 kadatsalira m'mawotchi athu, momwe ola lili ndi mphindi 60. Chatsopano m'buku la al-Khwarizmi chili m'kayalidwe kake. Akale aja ankayamba ndi funso la munda wakutiwakuti kapena khoma lakutilakuti, n'kuliyankha, n'kupita pa lina. Iye adayamba ndi mitundu ya mafunso, isanu ndi umodzi, n'kusonyeza kuti funso lililonse la chuma, muzu ndi nambala, kaya likukamba za nsalu, za malipiro a wantchito kapena za masiye, ukalikonza ndi jabr ndi muqabala limagwera mu umodzi mwa mitunduyo, ndipo mtundu uliwonse uli ndi njira yake yotsimikizika. Apa m'pamene aljebra idaima payokha ngati phunziro lokhala ndi dzina lake. Ulemu umenewu ndi wake, ndipo ndi waukulu mokwanira kotero kuti sufunika kuuwonjezera mabodza. Ngakhale pamenepa padali wopikisana naye: katswiri wina wa nthawi yomweyo, Ibn Turk, adalemba zofananako, ndipo pambuyo pake Abu Kamil wa ku Egypt adachita kumuikira kumbuyo al-Khwarizmi kuti ndiye adayamba.

Koma n'chifukwa chiyani mitunduyo ili isanu ndi umodzi, pamene mwana wa fomu 3 lero amaphunzira njira imodzi yokwanira onse? Apa m'pamene bukuli limatsimphina. Al-Khwarizmi salola nambala yochepera ziro kuima payokha, ndipo ziro samuwerengera ngati yankho. Choncho funso la chuma ndi mizu yofanana ndi nambala kwa iye n'losiyana ndi funso la chuma ndi nambala yofanana ndi mizu, ndipo lililonse limafuna njira yake ndi chithunzi chake. Chonsecho ku India, zaka pafupifupi mazana awiri iye asanalembe, Brahmagupta adali atayala kale mu 628 malamulo a ziro ndi a manambala ochepera ziro, omwe ankawatcha ngongole, powasiyanitsa ndi chuma. Ku China nako, kalekale, owerengera ndi timitengo ankasiyanitsa tofiira ndi takuda pa cholinga chomwechi. Zimadabwitsa kuti buku lodzaza ndi ngongole za anthu omwalira lidakana kuilandira ngongole ngati nambala. Amene amati ku Baghdad adatenga zonse za akale n'kuzipititsa patsogolo ayenera kuvomereza kuti pa mfundo iyi al-Khwarizmi adali m'mbuyo mwa Brahmagupta.

Nkhani ya manambala ndiyo yosavuta kuiweruza, chifukwa mboni yaikulu ndi mwini wake. Buku lake lina, lophunzitsa kuwerengera ndi zizindikiro zisanu ndi zinayi pamodzi ndi ziro, limanena poyera kuti kawerengedweka n'ka anthu a ku India, ndipo mpaka lero Aarabu amawatcha manambala awo kuti a Chihindi. Mu 662, mzinda wa Baghdad usanamangidwe n'komwe, bishopu wina wa ku Syria, Severus Sebokht, adali atayamikira kale luso la anthu a ku India lowerengera ndi zizindikiro zisanu ndi zinayi. Cha m'ma 770, pa nthawi ya Khalifa al-Mansur, buku la Chisanskrit la kayendedwe ka nyenyezi lidafika ku Baghdad n'kumasuliridwa m'Chiarabu, ndipo al-Khwarizmi adalemba matebulo ake a nyenyezi potsamira pa mwambo umenewo. M'buku la aljebra momwemo, pofotokoza kayezedwe ka chinthu chozungulira, amapereka nambala ya 62832 yogawidwa ndi 20000, yomwe ndi ndendende imene Aryabhata wa ku India adalemba mu 499. Akuluakulu adati mlendo amadza ndi kalumo kakuthwa. Luso la anthu a ku Baghdad lidali kukazindikira kalumoko n'kukalandira mosachita manyazi.

Mwana wa kuno kunyanja amakumana ndi mbiri imeneyi tsiku ndi tsiku osadziwa. M'mawa kusukulu amalemba manambala a mtundu wina, masana ku madrasa amaona a mtundu wina pamasamba a Qur'an, momwe ziro ndi kadontho ndipo 5 amaoneka ngati ziro wa kusukulu uja. Mwanayo amaganiza kuti ena ndi a Azungu, ena ndi a Chisilamu. Onsewo ndi ana a mayi mmodzi wa ku India: ena adakulira kuvuma kwa maiko a Chiarabu, ena kuzambwe, ku Morocco ndi ku Spain, komwe anthu a ku Ulaya adakawatengera. Mawu akuti ziro nawonso adayenda ulendo womwewo. Amwenye ankati sunya, kutanthauza chopanda kanthu. Aarabu adamasulira kuti sifr. A ku Italy adawapotoza mpaka kukhala zero. Kwa ife adafika ndi sukulu za Angerezi, pamodzi ndi mawu akuti masamu, omwe kholo lawo ndi la Chingerezi. Kugombe la nyanja yamchere adalowera khomo lina: Mswahili amati sifuri, ndipo sita, saba ndi tisa adazitenga ku Chiarabu.

Pali nkhani ziwiri zimene zimakambidwa za nyengo imeneyi, ndipo bukuli limazitsutsa zonse. Yoyamba ndi ya mabuku akale a ku Ulaya, yakuti nzeru zidabadwira kwa Agiriki, Aarabu adangozisunga ngati mtengatenga, kenaka eni ake adazitenganso. Komatu aljebra ya al-Khwarizmi mulibe mwa Euclid, ngakhale buku la Euclid lidali litamasuliridwa kale ku Baghdad ndi al-Hajjaj ibn Matar; ndipo buku la Diophantus, Mgiriki amene ena amamutcha tate wa aljebra, lidamasuliridwa m'Chiarabu ndi Qusta ibn Luqa pambuyo pake. Yachiwiri ndi yathu ija, yomwe imangotembenuza yoyambayo n'kuika Msilamu pamalo pa Mgiriki. Nayonso imaiwala kuti Qusta ibn Luqa adali Mkhristu, ndi kuti Thabit ibn Qurra, yemwe adalimbitsa njira za al-Khwarizmi ndi umboni wochokera mwa Euclid, adali wa chipembedzo cha Asabiya a ku Harran. Al-Khwarizmi mwini, monga dzina lake likunenera, mtundu wake udachokera ku Khwarazm, kumwera kwa nyanja ya Aral. Ngakhale pepala lomwe lidachulukitsa mabuku m'nyengoyo lidali luso lochokera ku China. Bayt al-Hikma, yomwe timakonda kuitcha yunivesite, akatswiri ena a mbiri, monga Dimitri Gutas, amaiona kuti idali nyumba ya mabuku ya kunyumba yachifumu. Chimene Chisilamu chidapereka ndi mzinda, chilankhulo chimodzi cha maphunziro, olamulira olipira omasulira, ndiponso mafunso atsopano ofuna mayankho.

Otsatira ake adapita patali msanga. Al-Uqlidisi ku Damascus, mu 952, adasamutsa kawerengedwe ka Chihindi kuchoka pathabwa lowazidwa fumbi n'kukaika papepala. Umar Khayyam adalimbana ndi mafunso a nambala yochulukitsidwa katatu. Mnyamata wa ku Pisa, Leonardo, yemwe timamudziwa kuti Fibonacci, adaphunzira manambalawa ku Bejaia, ku Algeria ya lero, komwe bambo ake ankagwira ntchito pakati pa amalonda, ndipo adawafalitsa ndi buku lake la mu 1202. Dzina la al-Khwarizmi, litapotozedwa m'Chilatini, lidasanduka algorithm, mawu amene a makompyuta amawatchula tsiku lililonse. Zonsezi zimakambidwa mokwanira kwina.

Tibwerere ku mafunso atsopano aja, chifukwa ndiwo atifikitsa ku theka lotayidwa. Mu Surat an-Nisa, ndime 11, 12 ndi 176, Qur'an yolemekezeka idaika magawo a olowa m'chuma cha womwalira: theka, kotala, gawo limodzi mwa asanu ndi atatu, awiri mwa atatu, limodzi mwa atatu, limodzi mwa asanu ndi limodzi. Mtumiki (madalitso ndi mtendere zikhale pa iye) adaika malire a wasiya, kuti usapitirire gawo limodzi mwa atatu a chumacho. Kuyambira pamenepo, woweruza wa Chisilamu sakadatha kuwathawa masamu. Taonani mwamuna wosiya mkazi, ana aakazi awiri, bambo ndi mayi. Chumacho chikadulidwa magawo 24, mkazi ayenera 3, ana aakazi 16, bambo 4, mayi 4. Kuphatikiza, akukwana 27, kuposa chuma chomwe chilipo. Njira imene idakhazikika kuyambira nthawi ya Khalifa Umar, yotchedwa awl, ndi kudula chumacho magawo 27, kuti kuchepako kumugwere aliyense molingana ndi gawo lake. Zotere akatswiri a malamulo ankazitha popanda aljebra.

Povuta padali pa wasiya. Munthu amene wayandikira imfa sayankhula ngati buku la masamu. Amati mnzanga uja mumupatse gawo lofanana ndi la mwana wanga mmodzi. Amati mumupatse limodzi mwa magawo atatu a zimene zitsale mukachotsa za wakutiwakuti. Tsono gawo la mwana silidziwika mpaka wasiya utachotsedwa, ndipo wasiyawo sudziwika mpaka gawo la mwana litadziwika. Nkhani imangozungulira. Apa m'pamene chinthu chija, nambala yosadziwika, chimagwira ntchito yake yeniyeni: umachitchula dzina usanachidziwe, n'kuchilowetsa m'chiwerengero ngati kuti ukuchidziwa, mpaka sikelo ichiulule.

Funso loyamba la gawoli ndi loti aliyense wa ife angalizindikire. Bambo wamwalira, wasiya ana aamuna awiri, ndipo adalamula kuti limodzi mwa magawo atatu a chuma chake lipite kwa munthu wapadera. M'nyumba mwapezeka madirihamu 10, ndipo mmodzi mwa anawo ali ndi ngongole ya madirihamu 10 kwa malemuwo, yomwe sangathe kubweza tsopano. Kodi 10 zomwe zilipozo zigawidwe bwanji? Kumupatsako wangongoleyo n'kupondereza m'bale wake. Kuiwerengera ngongole yonse ngati ndalama ya m'manja n'kugawa mphepo. Al-Khwarizmi amati gawo la ngongole lomwe mwanayo asunge ngati cholowa chake tilitche chinthu. Chuma chogawika tsopano ndi 10 ndi chinthu. Ukachotsa wasiya n'kugawa zotsalazo pawiri, mwana aliyense apeza madirihamu atatu ndi limodzi mwa magawo atatu a dirihamu, kuphatikizapo limodzi mwa magawo atatu a chinthu. Ndipo zimenezo ziyenera kufanana ndi chinthu chija. Ukalinganiza mbali ziwirizo, chinthu ndi 5. Wapadera uja alandira 5, mwana wopanda ngongole alandira 5, wangongole salandira kanthu m'manja koma 5 za ngongole yake zafafanizika, ndipo 5 zotsalazo zidikira tsiku lomwe adzabweze. Aljebra ya m'funsoli ndi yopepuka poyerekeza ndi ya dimba lija. Kulemera kwake kuli pa chilungamo: palibe amene wadyera mnzake, ndipo aliyense angathe kuliwerengera yekha yankholo osadalira mawu a mkulu wa pabanja.

Mafunso otsatira amanka nakulirakulira. Muli wasiya wopitirira malire umene olowa m'chuma ena auvomereza pamene ena aukana, kotero kuti aliyense amatapidwa mosiyana. Muli ukwati womangidwa munthu ali pa matenda a imfa, mkazi n'kutsogola kumwalira, gawo la mahari n'kubwerera kwa mwamuna ngati cholowa, chuma chake n'kukula, malire a wasiya wake n'kusunthanso. Ndisabise, gawoli n'lotopetsa kuliwerenga mondondoza. Mafunso amabwerezabwereza, kufotokoza kodekha kwa kuchiyambi kuja kumachepa, ndipo mlembi amaganiza kuti wowerenga akudziwa kale malamulo a mirathi, choncho sawafotokoza.

Kusafotokozako kudamupweteka mlembi patsogolo. Robert wa ku Chester, pomasulira bukuli ku Segovia mu 1145, ndiponso Gerard wa ku Cremona ku Toledo m'zaka zomwezo, sadalione gawoli kukhala la phindu kwa anthu a malamulo ena, ndipo adalisiya. Buku lonse lidatuluka m'Chingerezi mu 1831, Frederic Rosen atalimasulira kuchokera ku mpukutu wa Chiarabu wosungidwa ku Oxford. Akatswiri ena a ku Ulaya atawerenga gawo la masiye adaliyesa losokonekera ndi lodzaza zongoganizira, chifukwa sadadziwe chimene chimachititsa mlembi kuchepetsa wasiya apa n'kuusiya wathunthu apo. Mu 1938 Solomon Gandz adalemba nkhani yomuyeretsa, posonyeza kuti zimene ankaziyesa zolakwa zidali malamulo a Chisilamu a malire a wasiya ndi a chilolezo cha olowa m'chuma. Wophunzira wa fiqh wa ku Mangochi kapena ku Nkhotakota akadawamva masamba amenewo msanga kuposa akatswiri aja. Pa theka ili la bukuli ndife amene tili ndi makiyi, ndipo ndi theka lomweli limene sitilitchula.

Walira mvula walira matope. Wofuna kulitenga gawoli ngati lathu alitenge lonse, ndipo m'masamba ake otsiriza muli akapolo. Muli bwana womasula kapolo wake ali pa matenda a imfa, ndipo funso ndi lakuti gawo lingati la munthuyo lamasuka, lingati likadali chuma cha olowa, ndi ndalama zingati zimene ayenera kugwirira ntchito kuti adziwombole. Muli mdzakazi woperekedwa ngati mphatso. Anthu amenewa ali ndi mitengo yawo m'madirihamu, ndipo amaphatikizidwa ndi kuchotseredwa mofanana ndi nsalu. Mlembi sakuonetsa kukhumudwa kulikonse. Adali kulemba malamulo a nthawi yake. Koma ife a m'mphepete mwa nyanja ino, pamene zombo za Jumbe zinkanyamuka ku Nkhotakota zitadzaza anthu opita kumisika ya kugombe, sitingawadutse masamba amenewo ngati chitsanzo chabe cha masamu. Ena mwa ife ndi zidzukulu za ogulitsa, ena za ogulitsidwa. Sikelo ya al-Khwarizmi imalinganiza mwachilungamo chilichonse chimene waikapo, koma siifunsa ngati chinthucho chimayenera kuikidwa pasikelo. Matamando a pa WhatsApp aja sanena kanthu za izi, ndipo ndikukayika ngati olemba ake adafika pamasamba amenewo.

Chenjezo lina ndi laling'ono koma lofunika. Pa mfundo zina mlembi amatchula maganizo a Imam Abu Hanifa, pamene ambiri a ife kuno timatsata Imam Shafi'i. Mayankho ake si fatwa yoti munthu apite nayo pamaliro. Chimene tingatengeko ndi kachitidwe kake.

Kachitidweko tikukasowa. Bambo wa kunyanja akamwalira amasiya bwato, injini, chilimira, mwina nyumba pa malo a kwa mkazi wake, ngongole kwa ogula usipa, ndi mawu amene adanong'oneza mlamu wake kuchipatala. Pa chuma chimenecho pamakumana mwambo wa makolo, umene m'mabanja ambiri a Chiyao ndi Chichewa umayang'ana kuchikazi ndi kwa ana a mlongo. Malamulo a mirathi. Ndiponso lamulo la boma la mu 2011 lokhudza chuma cha masiye, lomwe limati kulanda chumacho ndi mlandu. Kusankha lamulo loti litsatidwe si ntchito ya masamu. Koma ngakhale pamene banja lagwirizana kutsata Qur'an, nthawi zambiri pamasowa woika mtengo pa bwato, wochotsa ngongole ndi wasiya moyenera, ndi wowerengera mayi wamasiye gawo lake pamaso pa onse. Sheikh amadziwa magawo, mwana wa sekondale amadziwa x, koma tidawalera m'nyumba ziwiri zosayenderana, wina kumuuza kuti masamu ndi a dziko, wina kumuuza kuti mirathi ndi ya akuluakulu. M'buku la al-Khwarizmi maphunziro awiriwa ali pakati pa zikuto zomwezo, ndipo loyambalo lidalembedwa kuti litumikire lachiwirilo.

Wina akadzafuna kulimasulira bukuli m'Chichewa kapena m'Chiyao, ndingamulangize kuti ayambire kumapeto, pa ana awiri ndi ngongole ija, n'kuika pambali pa funso lililonse lamulo lomwe mlembi adalisiya osalifotokoza, ndipo masamba a akapolo asawadumphe. Ntchitoyo siingamuvute monga angaopere, chifukwa buku lopanda zizindikiro limasamuka mosavuta kulowa m'chilankhulo china, ndipo mawu ake akuluakulu tili nawo kale: chuma, muzu, chinthu, ngongole. Jabr angaitche kulunzanitsa. Amene adzamuchedwetse ndi muqabala, chifukwa kulinganiza sikukwanira ndipo kuyang'anitsana kukutalika.